Romy Schneider anakana kukhala Sissi mpaka kalekale

Nyengo ya Khirisimasi ikafika, ma TV a ku Germany ndi ku Austria amaonetsabe mafilimu atatu a Sissi, omwe anatuluka mu 1955, 1956 ndi 1957. Amene anasewera Sissi, mfumukazi Elisabeth ya ku Austria, anali Romy Schneider, mtsikana wobadwira ku Vienna mu 1938. Pomwe filimu yoyamba imatuluka n'kuti ali ndi zaka 17 zokha.

Anthu omwe anali atangotuluka m'nkhondo ankafuna nkhani zokoma zowaiwalitsa mabwinja, ndipo Romy anawapatsa zimenezo. Koma atamupempha kuti apange filimu yachinayi, anakana ngakhale anamulonjeza ndalama zankhaninkhani. Anasamukira ku Paris kwa chibwenzi chake Alain Delon, ndipo nyuzipepala zakwawo zinamunyoza kwambiri.

Ku France n'komwe luso lake linakhwimira. Anapata mphoto ya César kawiri, mu 1976 ndi mu 1979, akusewera amayi aakulu olimbana ndi mavuto a m'banja ndi a mumtima. Nayenso anakumana nazo: mwana wake David anafa pangozi mu 1981, ndipo iye anamwalira ku Paris mu 1982 ali ndi zaka 43.

Ine monga mphunzitsi, nkhaniyi imandikhudza. Mwana akachita bwino chinthu chimodzi ali wamng'ono, ife akuluakulu timafuna akhalebe pomwepo. Romy akanamvera omukonda, bwenzi lero tikumukumbukira ndi diresi la mfumukazi basi. Makolo ndi aphunzitsi anzanga, mwana akafuna kuyesa njira ina, tiyeni tiyambe tamumvetsera.