Lumo la pa wailesi silinatayidwe, langolowa m'kompyuta

Mwezi wathawu ndinali pa Chikweo, kufupi ndi nyanja ya Chiuta, kujambula mawu a mayi wina wogulitsa mpunga. Mphepo inkawomba, chigayo chikulira kuseri. Pomvetsera pafoni, mawu awo ankamveka ngati ali m'chitsime.

Madzulo ndinatsegula Audacity, pulogalamu yaulere ya pakompyuta yomwe inatuluka mu 2000. Umaisonyeza kachigawo ka phokoso lokhalokha, iyo n'kulichepetsa ponseponse. Kenaka umakweza mawu otsika ndi kutsitsa okwera kwambiri, kuti ngakhale kawailesi ka mabatire kawatulutse bwino. Mayi aja anamveka ngati nduna ili mu situdiyo. Ndinanyadira.

Koma mkonzi wanga atamvetsera, anandiuza kuti ndichotse pamene mayiwo ankadandaula kuti feteleza wotsika mtengo amathera kwa abale a akuluakulu. Anali masekondi 6 okha. Ndinachotsa, ndipo ndinalumikiza mwaluso moti palibe akanadziwa kuti padulidwa. Mpaka lero manyazi akundigwira.

Inu akuluakulu amene munabwerako kumene munathawira, nkhaniyi si yachilendo kwa inu. Kuyambira mu 1964 wailesi inali MBC yokha, ndipo mu 1968 Chitumbuka chinachotsedwapo. Masiku amenewo tepi ankaidula ndi lumo n'kuimata. N'chifukwa chake mu 1992 anthu ankasaka BBC ndi Channel Africa kuti amve zoona za dziko lawo lomwe.

Pa 14 June 1993 Amalawi anasankha matipate. Mu 1996 nkhani za m'Chiyao, chiyankhulo cha anthu ambiri a ku Chikweo, zinayamba kumveka pa MBC, ndipo lamulo la 1998 linatsegulira njira mawailesi ena. Kodi zonsezi zinachitika kuti mayi wa kumudzi amveke bwino pa zokoma zokhazokha?

Sindikutsutsa kudula. Nthawi ya pa wailesi ndi yochepa, ndipo bodza loipitsa mbiri ya munthu siliyenera kuulutsidwa. Koma dandaulo si bodza, limafunika kulifufuza ndi kufunsa oliyankha.

Atolankhani anzanga, tizisunga mawu onse monga tinawajambulira, kuti mwini wake akadandaula tiwatulutse. Tichotse mphepo, tichotse chigayo, koma mkwiyo wa munthu tiusiye. Ine ndibwerera ku Chikweo kukapepesa mayi aja, ndipo masekondi 6 aja ndawasunga.