Thandika Mkandawire ndi makuponi a ku Mitundu

Nyengo yolemba mayina a feteleza wotsika mtengo ikafika, midzi ya ku Mitundu, Nathenje ndi m'tsinde mwa Dzalanyama imadzaza madandaulo: uyu walembedwa, mnzake wosauka chimodzimodzi wasiyidwa, mfumu n'kusanduka mdani wa anthu ake omwe. Thandika Mkandawire, katswiri wathu wa zachuma amene anamwalira ku Stockholm mu 2020, vutoli analiona kale. Mu 2005, akutsogolera bungwe la UNRISD ku Geneva, analemba kuti kumene osauka ndiwo ochuluka, kusankha ochepa oti athandizidwe kumadya ndalama zambiri, kumasiya panja oyenera ambiri, ndipo kumachititsa manyazi olandirawo. Iye ankakonda thandizo lofikira nzika iliyonse, ndipo ine ndili kumbali yake. Munthuyu anatha zaka pafupifupi 30 osaponda kwawo boma la Kamuzu litamulanda pasipoti, komabe zolemba zake zimanena za ife. Kalembera wa 1966 anapeza Amalawi pafupifupi 4 miliyoni, wa 2018 anapeza 17.5 miliyoni, minda ikuchepa, ndipo mfumu ya ku Mitundu ikuuzidwabe kusankha mayina ochepa pamudzi wonse.