Mwatifunsa za chiphaso cha mfuti: nali yankho lathu

Achinyamata anzathu a pa Boma, Kamwendo, Waliranji, Kapiri, Mkanda mpaka kuchipata cha Mwami, ndi inu a kwathu kuno amene mukusakira moyo ku Lilongwe.

Uthengawu ndi wautali, koma ndi mawu okhaokha, sukudyerani bandulo. Werengani mpaka kumapeto musanautumize kumagulupu ena.

Chilengezereni kuti tikukonza ulendo wokapereka kalata ya madandaulo athu kwa a DC, funso limodzi lakhala likubwerabwera ku inbox. "Ma admin, munthu amatani kuti apeze chiphaso cha mfuti? Tikufuna ka pistol kobisa m'chiuno, anyamata azikwanje akabwera adzaone polekera." Wina anachita kujambula mawu a mphindi 7, kulira kuli pakhosi. Wina akuti ali ndi munthu wake kumalire amene angatithandize pamtengo wozizira. Komiti inakhala pansi dzulo, tinakangana mpaka mafoni ena kuthima, ndipo tagwirizana kuti tiyankhe poyera kuti aliyense amve chimodzimodzi.

Choyamba, sitikuseka mantha anu. Nafenso tili nawo. Tonse tinaonera vidiyo ya pa 26 June 2025 ku Lilongwe, pamene a Sylvester Namiwa anamenyedwa ndi kukhapidwa ndi anthu onyamula zikwanje dzuwa likuswa mtengo, apolisi ndi asilikali ali chiimire pomwepo. Mu November 2024 anthu obisa nkhope anabalalitsanso zionetsero mumzinda womwewo. Ndipo musaganize kuti ndi matenda a chipani chimodzi. Pa 19 July 2011, kutatsala tsiku limodzi kuti zionetsero zichitike, anyamata a chipani cholamula cha nthawi imeneyo anazungulira m'misewu ya Blantyre pagalimoto akunola zikwanje. Utoto wa malaya umasintha, chikwanje n'chomwecho. Ndiye munthu akati sakufuna kukhapidwa ngati nkhuni wapolisi akuonerera, sakupenga ayi.

Koma tiyeni tione kaye chiphasocho.

Ambiri mwatengera nkhaniyi pa TikTok ndi YouTube, pomwe anthu a ku America amaonetsa mmene amabisira mfuti mkati mwa thalauza. Kumeneko malamulo aakulu a dziko lawo amapereka ufulu wokhala ndi mfuti, ndipo mu 2022 khoti lawo lalikulu linagamula kuti ufuluwo umafika ngakhale ponyamula mfuti kunja kwa nyumba. Kwathu kuno ufulu wotero mulibe m'malamulo oyendetsera dziko. Mfuti ndi chilolezo chimene boma lingakupatse kapena kukukaniza, komanso lingakulande. Lamulo lake ndi Firearms Act, la m'chaka cha 1967, nthawi ya Kamuzu. Kaundula wa mfuti zonse ali m'manja mwa apolisi, ku ofesi ya Registrar of Firearms kulikulu lawo ku Area 30.

Ukafuna chiphaso umayambira kupolisi. Umalemba mafomu: dzina, kumene umakhala, ntchito imene umagwira, mtundu wa mfuti imene ukufuna ndi chifukwa chake. Amafufuza mbiri yako ngati unapalamulapo. Akakhutira m'pamene umaloledwa kugula mfutiyo mwalamulo, nambala yake n'kulowa m'kaundula pa dzina lako, ndipo chiphasocho umachikonzanso chaka ndi chaka, molipira. Chimakhala chako wekha. Sichibwerekedwa ngati chaja ya foni.

Tsono tiyeni tinene zoona, amwene. Amene tikulemba uthengawu, digiri ili m'sutikesi chaka chachiwiri tsopano, ndipo envulopu ya khaki yomwe timayenda nayo m'maofesi yafika pothetheka m'makona. Pamzere wa "ntchito" tikalembapo chiyani? Pamzere wa "chifukwa" tikalembe kuti tikufuna kupita nayo ku mademo? Bwana wapolisi amene angasayine fomu imeneyo sanabadwe. Chimene tingapindule n'chakuti dzina lathu, nambala yathu ndi mudzi wathu zikakhala pa tebulo la apolisi, titazipereka tokha ndi manja awiri. Nanga ndalama? Chigwetsereni kwacha ndi 44 peresenti mu November 2023, ambirife ngakhale ya kabaza kuchoka pa Kamwendo kufika pa Boma timachita kuipempha kwa mayi. Mfuti yogula mwalamulo ndi ya eni ma estate ndi eni ma shopu aakulu, anthu oti ali ndi katundu woti aloze akafunsidwa chomwe akuteteza.

Komabe tiyerekeze kuti wina mwa ife zamuyendera, chiphaso wachipeza. Apa m'pamene pagona nkhani yonse. Gawo 38 la malamulo oyendetsera dziko lino limapatsa munthu aliyense ufulu wosonkhana ndi kuchita zionetsero pamodzi ndi anzake, koma limaika mawu awiri: mwamtendere, komanso opanda zida. Silinena kuti kupatula amene ali ndi chiphaso. Gawo limeneli ndi lomwe timaima nalo pamaso pa DC. Ndi lomwe loya amanyamula popita kukhoti akatiletsa kuyenda. Chifukwa cha gawo limeneli, ife sitipempha chilolezo chochitira zionetsero, timangodziwitsa a DC ndi apolisi kudakali maola osachepera 48 zionetsero zisanachitike monga lamulo la Police Act likunenera. Munthu mmodzi akalowa pamzere wathu ndi mfuti m'chiuno, wativula tonse chovala chimenechi. Sitikhalanso nzika zogwiritsa ntchito ufulu wake. Tasanduka gulu lonyamula zida, ndipo amene amasaka chifukwa chotithira zipolopolo wachipeza kwaulere.

Taganizani mmene zingakhalire. Tanyamuka, tikuimba, tafika pafupi ndi msika. Yatulukira galimoto yopanda nambala, atsika anyamata azikwanje. Mnzathu uja wasolola pistol yake, manja akunjenjemera chifukwa sanawomberepo chibadwire, waomba. Mwina walasa wachikwanje. Mwina walasa mayi wogulitsa tomato, kapena mwana wa sukulu amene amangoonerera. Wapolisi amene ali kutsogolo sangadziwe kuti yalira ndi mfuti ya ndani, ndipo sadzafunsa chiphaso. Pa 20 ndi 21 July 2011 anthu 20 anafa m'dziko muno, ambiri oomberedwa ndi apolisi, pomwe anthuwo analibe mfuti. Nanga likadzamveka phokoso la mfuti kuchokera pakati pathu, adzawerenga mitembo ingati?

Ndipo sizithera pamsewu. Tonse timadutsa pa Msundwe tikamapita ku Lilongwe. Pa 8 October 2019 wapolisi, a Usumani Imedi, anaphedwa pamenepo ndi miyala pa chipwirikiti. Imfa imeneyo inali yoipa, sitiikometsa. Koma amene analipira si amene anagenda okha. Apolisi analowa m'makomo ku Msundwe, M'bwatalika ndi Mpingu, ndipo amayi ndi atsikana anagwiriridwa. Mu August 2020 khoti lalikulu linagamula kuti amayi 18 apatsidwe chipukuta misozi. Amayi amenewo sanali pamsewu. Anali kunyumba. Ife anyamata zikavuta timathawa, malire ali pafupi, ena tili ndi achibale ku Chipata. Otsala pakhomo ndi amayi athu ndi alongo athu. Aliyense amene akulota pistol ayambe waganiza nkhope ya mlongo wake.

Kwa iwe amene uli ndi "munthu wako kumalire", tamvera bwino. Mchinji timagundana ndi Zambia komanso Mozambique, ndipo tonse timadziwa kuti kupatula chipata chachikulu chimene a Chakwera ndi a Hichilema anatsegula mu December 2022, pali tinjira tambirimbiri tomwe chimanga, feteleza ndi mafuta zimadutsa usiku. Mfuti zotsala pa nkhondo ya ku Mozambique, yomwe inatha mu 1992, zakhala zikuzungulira chigawo chino kwa zaka zambiri, moti mayiko a SADC anasayinirana pangano lothana ndi mfuti zoterezi ku Blantyre komwe kuno mu 2001. Mfuti yotere ilibe chiphaso ndipo sidzakhala nacho. Sudziwa kuti inapha ndani isanafike m'manja mwako. Ukagwidwa nayo, milandu yake yonse yakale ikhoza kugwera iwe, ndipo mlandu wakuba moopseza ndi chida chilango chake chimafika mpaka kukhala kundende moyo wonse. Chinanso, tadzifunsa: munthu ameneyu wadziwa bwanji kuti tikukonza ulendo, ndipo n'chifukwa chiyani mtengo wake wazizira sabata ino? Gulupu yathu ili ndi anthu ambiri, si onse amene ali athu. Njira yachidule yothetsera gulu ngati lathu si utsi wokhetsa misozi ayi. Ndi mfuti imodzi yopezeka m'chikwama cha membala, atolankhani ataitanidwa kale kudzajambula. Chikomekome cha mkuyu, mkati muli nyerere.

Funsani agogo anu za a Payoniya. Anali achinyamata ngati ife, ambiri ochokera m'mabanja osauka, anapatsidwa yunifolomu ndi mfuti n'kuuzidwa kuti ndi eni dziko. Mu December 1993, a Payoniya atapha asilikali ku Mzuzu, asilikali anawathira nkhondo ya Operation Bwezani. Ena anafa, ambiri anathawira kutchire la ku Mozambique. Akuluakulu amene ankawatuma anatsala m'nyumba zawo, ena anadzaimanso pachisankho cha 1994. Anyamata azikwanje a lerowa ali panjira yomweyo, kaya akudziwa kaya sakudziwa. Sitikufuna kukhala gulu lachitatu pamzere umenewo.

Pali anzathu ena amene funso lawo silikukhudza mademo, ndipo tisawaphatikize. Mnzathu wina wa kabaza analandidwa njinga yamoto usiku, anamumenya ndi chitsulo m'mutu, ngongole ya njingayo akubwezabe mpaka lero. Wina amagula soya ndi mtedza m'midzi, amayenda ndi ndalama m'chikwama. Amenewa akafuna kukapempha chiphaso, lamulo likuwalola kupempha, ndipo ife si apolisi kuti tiwaletse. Tingowauza maganizo athu: wakuba wa njinga amakwera ngati kasitomala, amakhala kumbuyo kwako, manja ako onse ali pa handulo. Mfuti ya m'chiuno mwako ili pafupi ndi dzanja lake kuposa lako. Akakulanda njinga atenganso mfuti yolembedwa dzina lako, mawa ikapezeka pamalo pomwe paphedwa munthu. Walira mvula walira matope. Nkhani ya chitetezo cha a kabaza tailemba kale m'kalata yathu, pamodzi ndi ya ntchito ndi ya mitengo ya mbewu, chifukwa kuteteza nzika ndi ntchito ya apolisi amene timawalipira ndi misonkho, ngakhale ife osagwira ntchito timadula msonkho pa bandulo iliyonse ndi paketi iliyonse ya shuga.

Mmodzi wa ife m'komiti anafunsa mokwiya kuti, ndiye tizingokhapidwa? Funsoli ndi lolemera ndipo sitikunamizani kuti tili ndi yankho lokoma. Munthu wopanda chida akhoza kuvulazidwa, zinachitika ndipo zikhoza kuchitikanso. Koma taonani chimene chinachitika ndi vidiyo ya a Namiwa. Dziko lonse linaona munthu wamanja okhaokha akukhapidwa pamaso pa anthu a yunifolomu. Mabungwe a maloya, mipingo ndi akazembe a mayiko akunja anadzudzula, ndipo panalibe woti anene kuti anayamba ndi iye. Akanasolola mfuti tsiku limenelo, nkhani ikanakhala ya mfuti yakeyo, zikwanje zija palibe akanazikumbuka.

Choncho chigamulo cha komiti ndi ichi. Pa ulendo wathu sipabwera mfuti, yachiphaso kapena yopanda chiphaso. Sipabwera mpeni, legeni, chikwanje, ngakhale botolo la petulo. Otsogolera mzere adzavala nsalu yofanana pamkono ndipo adzaona zikwama tisananyamuke. Amene akane, abwerere kwawo, ngakhale atakhala mnzathu wa pa mtondo. Tikadzaona munthu ali ndi chida pakati pathu tidzaima, tidzakhala pansi tonse, n'kumuloza kuti kamera imuone.

Kalata yodziwitsa a DC ndi mkulu wa polisi tikapereka tokha, ndipo tikafuna chidindo pa kope yathu. M'kalatamo tatchula kuti tikufuna apolisi otiperekeza, kuti tsiku likadzavuta pasadzakhale wonena kuti sanadziwe. Tikufuna anthu 10 a mafoni a kamera yabwino amene ntchito yawo idzakhala kujambula basi, ena ali m'mbali mwa msewu, ndipo mavidiyo azidzatumizidwa nthawi yomweyo kwa anzathu amene adzatsale kunyumba. Tikufunanso amene anaphunzirako unamwino kapena chithandizo choyamba. Nambala ya loya tidzakupatsani usiku wake, mudzailembe pamkono ndi bolopeni chifukwa foni imalandidwa. Aliyense adzayende ndi mnzake mmodzi amene akudziwa kwawo, ndipo pobwerera osayenda wekha.

Ngati wina wakutumizira uthenga wokutsatsa mfuti kapena zipolopolo, usayankhe ndipo usaufufute. Jambula sikirini, tumiza kwa admin aliyense lero lomwe. Amene akufuna kukhala wojambula kapena wotsogolera mzere alembe dzina lake loyamba ndi dera lake ku inbox pofika Lachisanu madzulo.