Ng'oma ya mu laputopu ili ndi mwini wake

Nkhani ya ng'oma ikabuka pakati pathu Aadventisti, timathamangira funso limodzi: ilowe m'tchalitchi kapena ayi? Mkangano umenewo ndi wakale ndipo sutha lero. Koma ng'oma zomwe zikulira m'mahositelo mwathu si zachikopa. Zili mu laputopu. Munthu amatsegula FL Studio, n'kutenga sample pack, yomwe ndi foda yodzaza ndi kulira kwa ng'oma kojambulidwa kale, n'kuyamba kusanja biti yake. Chomwe sitifunsa n'chakuti anaimba ng'omazo ndani, ndipo analandira chiyani.

Taonani za Gregory Coleman. Mu 1969 gulu la ku America la The Winstons linatulutsa nyimbo yotchedwa "Amen, Brother". Pakati pa nyimboyo zida zonse zimakhala chete, Coleman n'kuimba ng'oma yekha kwa masekondi pafupifupi 7. Kachidutswa kameneka, kodziwika kuti Amen break, kanadulidwa n'kuikidwa m'nyimbo zikwizikwi. Oimba hip hop anakatola m'zaka za m'ma 1980, ndipo ku Britain nyimbo zovina za jungle ndi drum and bass zinamera pa iko. Mpaka lero kakuyendabe m'ma sample pack. Coleman sanalandirepo kanthu pa zonsezi. Anamwalira mu 2006 ku Atlanta alibe pokhala. Zachisoni bwanji kuti nyimbo ya dzina lakuti "Amen" ndiyo inathera potere.

Tikudziwa yankho la anzathu: ndalama kulibe. N'zoona. Makampani ngati Splice amalipiritsa mwezi ndi mwezi m'madola, ndipo wophunzira amene akuvutika ndi fizi sangayambire pamenepo. Komabe kukopa paki yogulitsa pa fulashi ya mnzako si kugawana ayi. Wina anagula zida, n'kuchezera usiku akujambula. Lamulo lachisanu ndi chitatu silinapatule mafayilo a pa kompyuta, ndipo n'zodabwitsa kuti biti yotereyi nthawi zina imathera pansi pa nyimbo yauzimu.

Njira ilipo. FL Studio imabwera ndi ng'oma zakezake, ndipo pa intaneti pali mapaki omwe eni ake amapereka ulere mwalamulo. Koposa apo, foni ili m'thumbayo imajambula. Munsi ukamagwa mumtondo, visekese, chidebe chopanda madzi, kwaya ikamaomba m'manja: zonsezi n'zoti munthu angadule n'kusanja kukhala paki yomwe wa ku London alibe. Pojambula amayi akusinja, tiyambe tawapempha, ndipo dzina lawo lilembedwe pa fodayo.