Ufulu Unabwera, Nanga Ana Athu Akuthawiranji?

Pa 14 Januwale 2011 Pulezidenti Ben Ali anathawa m'dziko la Tunisia atalamulira zaka 23. Amene anatsogolera kumugwetsa anali achinyamata. Koma pofika mwezi wa Epulo, anthu a dzikolo oposa 20,000, ambiri mwa iwo anyamata, anali atawoloka nyanja pa mabwato n'kukafika pa chilumba cha Lampedusa ku Italy. Ufulu anaumenyera okha, koma sunawapatse ntchito.

Kwa ife kuno ku Likhubula nkhaniyi si yachilendo. Pa 8 Malichi 1992 kalata ya maepiskopi athu inawerengedwa m'matchalitchi, ndipo pa 14 Juni 1993 Amalawi anasankha ndale za zipani zambiri. Papita zaka zoposa 30, komabe mnyamata wonyamulira alendo katundu pa phiri la Mulanje, kapena mtsikana wothyola tiyi, akusunga ndalama ya basi ya ku Joni. Agogo athu ankapita ku migodi kudzera ku Wenela. Zidzukulu zawo zikudutsa pa Mwanza, Tete, Nyamapanda ndi Beitbridge, ena opanda pasipoti. Mu 2008 ndi 2015 ambiri anabwerako chimanjamanja, atathamangitsidwa ndi eni dziko.

Tisawaweruze. Amene munda wake unakokoloka ndi namondwe Freddy mu 2023 sachoka chifukwa cha ulesi. Nalo Banja Loyera linathawirapo ku Ejipito, ndipo mu 2013 Papa Fransisko anapita ku Lampedusa komweko kukalira omwe anamira panyanja.

Koma tidzifunse tokha. Kodi si ife amene timatamanda wobwera ndi foni yodula, n'kumanyoza wotsala akulima chinanazi? Timafunsa wa ku Joni kuti watumiza zingati, osamufunsa kuti amagona pati. Timamukumbukira tsiku losonkha ndalama zobweretsera maliro ake.

Ufulu wovota wosabala ntchito uli ngati mango ochita maluwa osabereka. Choncho m'miphakati yathu tiitane khansala ndi phungu, atiuze zomwe akuchitira achinyamata. Wotsimikiza mtima kupita timuthandize kupeza pasipoti, tidziwe kumene akukafikira, ndipo dzina lake lisachoke m'mapemphero athu. Otsalafe tipitirize ntchito imene inayamba mu 1992, kuti mwana wobadwira m'tsinde mwa phiri lino adzachoke mwa kufuna kwake, osati mothamangitsidwa ndi njala.