Galu wosagwirika salandira katemera

Alangizi a ziweto akalengeza kuti kwabwera katemera wa chiwewe, timaona ana akukoka agalu pazingwe kupita kubwalo la sukulu kapena pamsika. Zimenezi n'zosangalatsa. Koma pali agalu ena ambiri omwe safika pamalo a katemerawo, ngakhale eni ake adaumva uthengawo. Vuto lake n'lakuti galuyo sagwirika. Akangoona chingwe kapena dzanja likumuyandikira, amaliyatsa liwiro la mtondo wadooka, apo ayi amatulutsa mano.

Ife tikuti nkhani imeneyi si yaing'ono, makamaka kwa anzathu okhala m'mbali mwa nyanja m'boma la Mangochi. Kuchokera paboma kudutsa pa Namiyasi, Maldeco, Nkopola ndi Makawa mpaka ku Monkey Bay, agalu amangoyendayenda m'madoko, kufunafuna usipa wogwa pamathandala ndi zotsala za m'malo ogona alendo. Ambiri mwa agaluwa ali ndi kwawo, koma chomwe amadziwa kwa munthu ndi mwala basi. Mumchenga momwe agaluwa amagona ndi momwenso ana athu amasewera, choncho ngakhale banja losaweta galu nkhaniyi ikulikhudza.

Bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO limati chiwewe chimapha anthu pafupifupi 59 000 pachaka, ambiri mwa iwo muno mu Africa ndi ku Asia. Pafupifupi onsewa amatenga matendawa kwa galu, ndipo mwa anthu 10 alionse olumidwa ndi nyama yoganiziridwa chiwewe, anayi amakhala ana osakwana zaka 15. Munthu akangoyamba kuonetsa zizindikiro, mankhwala palibenso.

Kwathu konkuno, kafukufuku yemwe Dr Macpherson Mallewa ndi anzake adachita pachipatala cha Queen Elizabeth ku Blantyre, n'kufalitsidwa mu 2007, adapeza kuti mwa ana 26 omwe amaganiziridwa kuti adamwalira ndi malungo a muubongo, atatu adafa ndi chiwewe. Kwa boma ngati Mangochi, komwe malungo ndi nkhani ya tsiku ndi tsiku, izi zikutichenjeza kuti chiwewe chikhoza kutilowerera pakhomo ife n'kumaloza udzudzu.

Dokotala wa anthu amafunsa wodwala kuti akumva kupweteka pati. Dokotala wa ziweto alibe mwayi umenewo. Iye amadalira kuona mmene chiweto chikuyendera, mmene chikudyera ndi mmene chikuchitira ndi zinzake, komanso zomwe mwini wake angamuuze. Nanga mwini galu yemwe amangomuona galu wake usiku okha angadziwe bwanji kuti khalidwe lake lasintha?

Chikhalirecho, kusintha kwa khalidwe ndicho chizindikiro choyamba cha chiwewe. Galu wofatsa amayamba ukali, kuluma mitengo, miyala ndi chilichonse, kusochera kutali ndi kwawo, ndipo mawu ake pouwa amasintha. Koma pali mtundu wina wa chiwewe womwe ambiri sitiudziwa. Galu amangokhala duu, chibwano chili lende, dovu likutuluka, ngati wamereza fupa. Apa ndi pomwe anthu achifundo amapisa dzanja kukamwa kwa galu kuti achotse fupalo, osadziwa kuti kachilomboka kali m'malovumo. Ng'ombe ndi mbuzi nazo zimadwala chiwewe: zimalira mosalekeza, kuchucha dovu ndi kulephera kumeza. Nayo nkhandwe kapena fisi wolowa m'mudzi dzuwa likuswa mtengo, wosaopa munthu, ndi wofunika kumukayikira.

Njira yothetsera matendawa ndi yodziwika. Akatswiri amati agalu 70 mwa 100 alionse m'dera akamalandira katemera chaka ndi chaka, chiwewe chimasowa podutsira. Kupha agalu mwachisawawa sikuthandiza, chifukwa posakhalitsa malo awo amadzadza ndi agalu ena osabayidwa. Mu 2015 bungwe la Mission Rabies, mogwirizana ndi nthambi ya boma yoona za ziweto, lidabaya agalu oposa 35 000 mumzinda wa Blantyre m'masiku 20 okha. Kafukufuku wotsatira mumzindawo adaonetsa kuti, kupatula kutalika kwa mtunda ndi kusamva uthenga, china chomwe chimalepheretsa anthu kubweretsa agalu awo ndi kukanika kuwagwira. Katemera akhoza kukhala waulere, mlangizi n'kufika ndithu pamudzi, koma ngati galu ali kutchire ntchito yonse yapita pachabe.

Nanga titani? Khalidwe la galu limaumbika m'miyezi itatu yoyambirira ya moyo wake. Kamwana ka galu kazolowere dzina, kazolowere kudya mwini wake ali pafupi, kusisitidwa pakhosi ndi kumsana, ndi kuvala chingwe chofewa kwa kanthawi kochepa tsiku lililonse. Waya ayi, chifukwa amacheka khosi ndipo galu saiwala ululu. Ngakhale galu wamkulu amasintha pang'onopang'ono ngati akupatsidwa chakudya ndi madzi panthawi yake, popanda chikwapu.

Ena amakhulupirira kuti galu womenyedwa, womangidwa tsiku lonse padzuwa kapena womanidwa chakudya ndiye amalondera bwino. Enanso amati katemera amafooketsa galu wosaka. Zonsezi n'zabodza. Galu wozunzidwa amakhala wamantha, ndipo galu wamantha ndi amene amaluma mwana wa pakhomo pomwepo. Katemera sachepetsa liwiro la galu kapena mphamvu yake yonunkhiza.

Ana athu nawo aphunzitsidwe kuwerenga galu. Kawirikawiri galu saluma asanachenjeze: amagwetsa makutu, kupinda mchira, kuumitsa thupi, kuonetsa mano ndi kulira chamumtima. Galu yemwe akudya, wagona kapena akuyamwitsa ana asaputidwe. Mwana akakumana ndi galu wachilendo asathawe kapena kukuwa, koma aime chilili ngati mtengo, manja ali pathupi, osamuyang'ana m'maso.

Ngozi ikachitika, tsukani balalo ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, kenako thamangani ndi wolumidwayo kuchipatala tsiku lomwelo, ngakhale balalo likuoneka laling'ono. Paja akuluakulu adati pakadafunda padajiwitsa galu. Dziwitsaninso mlangizi wa ziweto. Ngati galu wolumayo akuoneka wabwinobwino, atsekeredwe ndi kuonedwa kwa masiku 10, popeza galu yemwe adali ndi kachilombo m'malovu panthawi yoluma amadwala kapena kufa m'masiku amenewa. Akaphedwa, mutu usaphwanyidwe, chifukwa ubongo ndi umene akatswiri amayeza. Koma katemera wa wolumidwayo asadikire zonsezi.

Phunziro lomweli likugwiranso ntchito kukhola. Mbuzi yomwe yadzipatula pa zinzake, yasiya kubzikula kapena ikukukuta mano ikukuuzani kuti sili bwino. Nkhuku yomwe yagwetsa mapiko ngati yavala jekete, ikuodzera kapena yapindika khosi ikhoza kukhala ndi chitopa, ndipo ichotsedwe pa zinzake msanga. Katemera wa I-2, uja wodonthezera m'diso pa miyezi inayi iliyonse, amaperekedwa mosavuta m'mamawa nkhuku zisanatuluke m'khola, osati kuzithamangitsa masana zitabalalika. Ng'ombe nayo siona bwino kumbuyo kwake kwenikweni ndipo imadana ndi phokoso. Woidzidzimutsa chakumbuyo asadabwe ikamuponda.

Kwa alangizi ndi madokotala a ziweto, pempho lathu n'lakuti pamalo a katemera pakhale bata. Galu yemwe wakokedwa, kumenyedwa ndi kupanikizidwa chaka chino sadzalola kugwidwa chaka chamawa. Sukulu zomwe zimasula akatswiriwa, monga Mikolongwe ku Chiradzulu ndi LUANAR ku Lilongwe, ziike mtima pa luso logwira ziweto modekha ndi lophunzitsa alimi, monga momwe zimachitira pa jekeseni ndi mankhwala. Boma lionetsetse kuti katemera wa anthu olumidwa akupezeka m'zipatala za m'mbali mwa nyanja, kuti mayi wa ku Nkopola asamayende mtunda wautali ndi mwana wolumidwa n'kubwerera chimanjamanja.

Mafumu, ma shehe, abusa, aphunzitsi ndi makomiti a m'madoko ali ndi mawu omveka pakati pa anthu. Athandize kufalitsa tsiku la katemera ndi kulimbikitsa kuti galu aliyense akhale ndi mwini wodziwika. Maiko adagwirizana kuti pofika 2030 pasadzapezeke munthu womwalira ndi chiwewe chochokera kwa galu, ndipo pa 28 Sepitembala chaka chilichonse timakumbutsana za nkhondoyi. Koma ntchito yeniyeni ikuyambira pakhonde panu. Ngati muli ndi galu, yesani lero kumuitana ndi kumuveka chingwe. Akakana, yambani kumuzoloweza tsopano, alangizi asanabwere.