Nyemba pa buledi: tiphunzireko ku Italy

Nyengo yozizira ikatha ku Italy, cha mu Epulo ndi Meyi, anthu amaphika nyemba za fava n'kuzipota ngati chipere. Amathiramo masamba, mafuta a olivi ndi ndimu, kenako n'kupaka pa buledi wowamba. Amati crostini.

Musachiderere chakudyachi. Nyemba zili ndi ayironi wothandiza kupanga magazi, koma thupi limavutika kumuyamwa. Vitamini C wa mu ndimu ndiye amathandizira. Mafuta nawo amathandiza thupi kupeza vitamini A m'masamba. Chitani chimodzimodzi ndi nyemba ndi bonongwe wanu.

Koma samalani. Ngati munabadwa ndi vuto la G6PD, lomwe n'lofala mu Africa muno, fava angaphwanye maselo ofiira a magazi anu. Mukadya, mkodzo n'kuda, maso n'kuchita chikasu, thamangirani kuchipatala.